Mulu wa Chinunu ndi Nduna ya Mthunzi

Kuseri kwa mapiri amene sanajambulidwe pa mapu aliwonse kuli dziko lotchedwa Vomerani. Anthu ake ndi aulemu woopsa. Mukamuponda phazi munthu wa kumeneko, amayamba ndi iye kupepesa kuti anaika phazi lake panjira yanu. Komatu musaganize kuti alibe mkwiyo. Ali nawo ndithu, kungoti makolo awo anawapezera pousunga.

Pakati pa msika wa Pirirani ndi nyumba ya mfumu panali mulu wa miyala wautali kuposa mlambe, dzina lake Mulu wa Chinunu. Anali malo opatulika. Wodutsa aliyense ankavula nsapato, ndipo ngakhale mbuzi, zimene sizilemekeza chilichonse padziko pano, sizinkakwerapo. Munthu akalakwiridwa ndi mfumu sankakweza mawu ayi. Ankatola mwala, n'kuunong'oneza dandaulo lake, n'kukauika m'tsinde mwa muluwo. Akaomba m'manja n'kutembenuka, mwala uja unkayamba kukwera wokha, pang'onopang'ono ngati kamba, mpaka kukakhala pamwamba. Mwiniwake ankabwerera kunyumba mtima utapepuka.

Makolo anasiya malamulo awiri. Loyamba, mwala wa pamulu suchotsedwa. Chifukwa chake chinaiwalika kalekale, koma lamulo linatsala. Lachiwiri ndi limene linkasowetsa mafumu tulo: tsiku limene mthunzi wa mulu udzakhudze khomo la mfumu, pa nthawi imene ng'ombe zimatsikira kumadzi dzuwa litapendeka, mfumuyo itsike pampando pamodzi ndi nduna zake zonse, aliyense abwerere kumene anachokera.

Woyang'anira mthunziwo anali a Mkutumula, Nduna ya Mthunzi, ndipo kumene anachokera iwowo kunali pamphasa ya mchere. Kale ankagulitsa mchere ku Pirirani pamodzi ndi akazi awo, Nankhoma, ndipo msika wonse unkawadziwa ndi mtsutso. Tambala akalira, iwo ankati sikunache. Mvula ikagwa, ankati ndi mame chabe. Iwo ndi Nankhoma ankakangana kuyambira m'mawa poyala mphasa mpaka madzulo poipinda, za mtengo wa mchere, za mitambo, za amene anayamba kumwetulira mnzake, ndipo anthu ankagula mchere umene sankaufuna kuti angomvera nawo.

Mfumu Sindilakwa Wachinayi itamva kuti kumsika kuli pakamwa potere, sinamange munthu. Inali yochenjera pa chinthu chimodzi chokha: inkadziwa kuti pakamwa podzaza nyama sipatsutsa. Inaitana a Mkutumula, n'kuwaveka mkanjo wofiira, n'kuwapatsa nyumba ya njerwa, ndodo yoyezera mthunzi ndi amuna owanyamula pa machila. Chaka chisanathe, khosi lawo linali litaphunzira ntchito yatsopano. Linkangogwedera lokha, nthawi zina mfumu isanatsirize n'komwe funso. Nankhoma anakana kusiya mchere wake, koma kunyumba mikangano inatha, ndipo a Mkutumula ankaona ngati umenewo ndiye mtendere. Chimene ankaopa pamoyo wawo chinali chimodzi: kuvulidwa mkanjo n'kubwerera pamphasa paja, ntchentche zikuwazungulira, anthu akuwalozerana ndi milomo.

Tsono m'nthawi ya Sindilakwa mulu unakula ngati dzungu la pachulu. Tsiku lina a Mkutumula anayeza, n'kuyezanso, n'kuyang'anitsitsa ndodo ngati kuti wolakwa anali ndodoyo. Mthunzi unali utadutsa chipata, wadutsa bwalo la maluwa, watsala pang'ono kununkhiza khomo. Analowa kwa mfumu.

"Mwinidziko," anatero atagwada, "mthunzi uli bwino. Ukungoonetsa chikondi. Ukufuna kuyandikira kwa inu."

"Wafika pati?"

"Mphaka wanu akagona pakhomo, mchira wake umakhala pamthunzi."

Mfumu inasiya fupa limene inkakukuta. "Mkutumula, ndinakutola pamchere. Mthunzi umenewo ukangokhudza khomo langa, ine ndili ndi minda ya agogo anga. Iwe uli ndi chiyani?"

Khosi la a Mkutumula linagwedera, ngakhale funsolo silinali lofuna kuvomera.

Bwalo la nduna linakhala tsiku lomwelo. Woyamba kudzuka anali a Kamlomo, Nduna ya Matamando, munthu amene ankatha kuyamikira mfumu chifukwa cha kuyetsemula. Iwo anati vuto si mulu, vuto ndi ng'ombe. Masana dzuwa lili paliwombo mthunzi umakhala waufupi. Nanga bwanji ng'ombe zimasankha kumwa madzi dzuwa litapendeka? Pamenepo pali chiwembu. Nduna zonse zinaomba m'manja, zina zinalira ndi kukoma kwa nzeruyo.

M'mawa mwake wolengeza wa mfumu anaima pakati pa msika n'kuimba ng'oma.

"Tamverani, anthu a ku Vomerani! Mwinidziko, chifukwa chokonda ziweto, walamula kuti kuyambira lero ng'ombe zonse zizimva ludzu masana!"

Kenaka Binzi, wogulitsa fodya amene mphasa yake inayandikana ndi ya Nankhoma, anakweza dzanja mwaulemu.

"Zikomo kwambiri, bwana. Koma ng'ombezo mwaziuza kale, kapena tikazifotokozere ife?"

Ng'ombe zinakusidwa masana kupita kumtsinje. Zinafika, n'kuyang'ana madzi, n'kuyang'ana asilikali, n'kuyamba kubzikula. Dzuwa litapendeka zinathyola makola n'kutsikira kumadzi monga zinkachitira ng'ombe za makolo. Nkhunzi imene inkatsogolera inamangidwa pa mlandu woukira boma. Eni ng'ombe anapepesa kwa asilikali, n'kupita kukatola miyala.

Mthunzi unafika pamsana pa mphaka.

Bwalo linakhalanso. Ulendo uno a Kamlomo anati dandaulo lopanda mwala ndi mphepo chabe, choncho miyala yonse ya m'dziko ikhale ya mfumu, ndipo wopezeka atanyamula mwala akaone zakuda. Asilikali analowa nyumba ndi nyumba. Anatenga mafuwa, anatenga mphero, anatenga ngakhale mwala wotsulira kumapazi. Amayi ankatereka miphika pa zibuma za dothi zimene zinkasweka ndiwo zisanapse.

"Dziko lathu latukuka," anatero Binzi akununkhiza fodya wake yemwe. "Kale mwala unali wamasiye. Lero uli ndi mwini."

Anthu a ku Vomerani samaphwanya lamulo. Palibe amene anaonekanso atanyamula mwala. Kungoti mwadzidzidzi dziko lonse linayamba kutsimphina. Amuna, amayi, nkhalamba, onse ankayenda ngati aponda minga. Akafika pa Mulu wa Chinunu ankavula nsapato monga mwa mwambo, n'kuwerama ngati akupemphera, n'kukutumula nsapatoyo, kamwala n'kugwa. Akaomba m'manja ankachoka akuyenda bwinobwino. Asilikali akanatani? Kuletsa munthu kuvula nsapato pamalo opatulika? Timiyalato tinali tating'ono, koma pang'onopang'ono ndi mtolo.

Madzulo ena a Mkutumula anakhala pakhonde akudandaula kuti anthu osayamika akufuna kuwabwezera kumsika. Nankhoma ankasefa mchere. Kenaka anadzutsa mutu.

"Abambo, ndikuganiza zosiya mchere ndiyambe kugulitsa mchenga. Anthu azithira m'ndiwo."

"Ndi maganizo abwino, Mayi."

"Ndipo mwezi uja si mwezi ayi. Ndi dzungu."

"Zoona, Mayi, zoona."

Nankhoma anawayang'ana nthawi yaitali, n'kutola lichero lake n'kulowa m'nyumba. A Mkutumula anadziuza kuti ali ndi mwayi, amuna ena amalandiridwa ndi phokoso. Koma chakudya tsiku limenelo anachisiya m'mbale, ndipo sanadziwe chifukwa chake.

Pa bwalo lachitatu mphaka anali atasamuka pakhomo chifukwa pankazizira. Mfumu inali itasiya kudya, chinthu chimene sichinachitikepo chiyambire ufumu wake. A Kamlomo anadzuka, n'kukonza mkanjo, n'kutsokomola.

"Mwinidziko, inu amene dzuwa limakupemphani chilolezo lisanatuluke! Ngati mthunzi sukumva, tidule mwini wake. Tichotse miyala ya pamwamba, timangire chiboliboli chanu pabwalo pano. Mulu ufupika, inu mutalika, madandaulo asanduka ulemerero."

Maso onse anatembenukira kwa a Mkutumula, popeza mulu unali m'manja mwa unduna wawo. M'kati mwawo wogulitsa mchere uja anadzuka, n'kufuula kuti mwala wa pamulu suchotsedwa. Mawu akuti ayi ananyamuka m'mimba, n'kukwera mpaka pammero, n'kukumana ndi nyama ya masana, n'kubwerera. Khosi linagwedera.

Amisiri anakwera ndi makwerero n'kuyamba kutsitsa miyala. Tsiku loyamba lomwelo anamva kaphokoso m'madengu, ngati njuchi zili m'phanga. Mmodzi anakanena kwa a Kamlomo. A Kamlomo analengeza kuti palibe chimene chikumveka, ndipo aliyense amene amve chilichonse chochokera m'miyalayo atumizidwa ku Dambo la Udzudzu, kumene mfumu inkasungirako anthu a makutu akuthwa. Kuyambira pamenepo amisiri onse anagontha. Ankamanga n'kuphimba ndi nsalu zochindikala, kumanga n'kuphimba. Mulu unafupika, mthunzi unabwerera kuchipata, mfumu inayambiranso kudya, ndipo a Mkutumula anagona tulo tofa nato. Iwo anaiwala kuti mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi.

Tsiku lovundukula chiboliboli, asilikali anakusa msika wonse kuti ukasangalale mwa kufuna kwake. Anthu anadzaza bwalo. Mfumu inakwera pansanja n'kulankhula mpaka amayi oyamwitsa anayamwitsa kawiri. Inati isanabadwe iyo mitsinje inkayenda mosadziwa kolowera. Inati m'dziko lake mulibe wodandaula, ndipo umboni wake ndi mulu, umene wayamba kufupika wokha ndi manyazi. Kenaka inakweza dzanja, nsalu n'kugwa.

Chinali chachikulu ndithu. Mfumu ya miyala inaima chilili, mimba patsogolo, dzanja likuloza kutsogolo kumene dziko linkayenera kupita. Anthu anaomba m'manja. Dzuwa linawomba miyala ija, n'kuitenthetsa, ndipo m'manja mutangotha, bondo lamanzere linatsokomola.

"Mlatho uja tinasenzera mitengo uli kuti?" linatero bondo, ndi mawu a nkhalamba.

Anthu anayang'anana. Chala chakuphazi chinayankha ndi mawu a mwamuna wolira: "Nkhunzi yanga ili m'ndende. Inalakwa chiyani, kumva ludzu?" Khutu linati lapita kubwalo la milandu mpaka mapazi atupa, tsiku lililonse akuti oweruza akupuma. Mimba ndiye inali ndi khamu. Munkatuluka mawu a amayi, a abambo, onse akufunsa za chimanga chimene asilikali anabwereka m'nkhokwe zawo. Pamenepo aliyense anadziwa chifukwa chimene makolo analetsera kuchotsa mwala. Pamulu miyala imasunga chinsinsi. Ukaichotsa, imanena zonse zimene inauzidwa, ndi mawu a mwini wake, ndipo ikatsiriza imayambiranso.

Kumbuyo kwa chiboliboli kunamveka mawu odandaula za msonkho wa fodya.

"Awo ndi anga," Binzi ananong'oneza woyandikana naye. "Andiika kumatako. Nanga munthu ngati ine akanandiika kuti?"

A Kamlomo anathamangira kutsogolo thukuta lili kamukamu. "Mwinidziko, musadabwe! Chikukuyamikani m'chilankhulo cha makolo!"

Koma kenaka panalankhula mwala umene amisiri anauika pakamwa penipeni pa mfumu ya miyala. Mawu ake anali a mkazi, odekha, ndipo chifukwa chochokera pamwamba anamveka kuposa onse.

"Mfumu inanditengera mwamuna wanga. Sinamuphe, sinamumange, inangomuveka mkanjo. Ndinakwatiwa ndi munthu amene ankanditsutsa mpaka ndiseke. Amene amabwera kunyumba masiku ano amangogwedeza mutu ngati gulo. Ndikanena zabodza avomera, ndikanena zoona avomera. Ndasowa wokangana naye. Ndine wamasiye mwamuna ali moyo."

Anthu a ku Vomerani ndi aulemu, koma ulemu uli ndi polekezera. Kuona chimfumu cha miyala, mimba patsogolo, chikudandaula kuti chalandidwa mwamuna, wina anaphulika kumbuyo, ndipo bwalo lonse linagwa ndi phwete. Asilikali ena anabisa nkhope kuseri kwa zishango, mapewa akugwedezeka.

A Mkutumula okha sanaseke. Mawu amenewo anali atawamva m'mawa uliwonse wa moyo wawo wa m'banja. Anayang'ana m'khamu, n'kumuona Nankhoma ataima ndi lichero la mchere pamutu. Sanabisale, sanaweramitse nkhope. Ankangowayang'ana monga anawayang'anira pakhonde paja. Manyazi anawagwira a Mkutumula, manyazi enieni, oposa amene ankawaopa a pamphasa.

"Mkutumula!" Mfumu inabangula, maso ali psuu. "Mulu ndi wako. Za mlatho ndi chimanga ndazizolowera, koma uyu wandisandutsa choseketsa. Mawu amenewa ndi a yani? Tchula dzina apite ku Dambo la Udzudzu lero lomwe, iwe usunge mkanjo wako. Ukumudziwa, si choncho? Unditchulira?"

Msika wonse unkadziwa dzinalo, ndipo unkadziwanso khosi la a Mkutumula. Pamwamba mwala uja unali utayambiranso: "Mfumu inanditengera mwamuna wanga..."

Khosi linayamba kutsika lokha, monga mwa ntchito yake. A Mkutumula anataya ndodo n'kugwira chibwano ndi manja onse awiri. Anthu anaona nduna ya boma ikulimbana ndi mutu wake womwe, mutu ukufuna pansi, manja akukankhira kumwamba, mitsempha ili tolotolo. Anaganiza za nyumba ya njerwa. Anaganiza za machila. Anaganiza za ntchentche. Kenaka pakamwa pawo panatuluka kamawu kadzimbiri, konga ka chitseko chimene sichinatsegulidwe zaka zambiri.

"Ayi."

"Wati chiyani?"

"Ndati ayi, Mwinidziko." Ulendo uno mawu anatuluka bwino, ndipo atangotuluka, anzake amene anapanikizana m'mimba zaka zonsezo anatsatira mothamangitsana. "Sinditchula munthu. Ndiponso ng'ombe sizimva ludzu ndi lamulo. Ndiponso dzuwa silikupemphani chilolezo, limatuluka inu mukuliza mkonono. Mitsinje inkadziwa kolowera agogo anu asanabadwe. Ndipo chibolibolichi sichikufanana nanu ayi, mimba achepetsa!"

Pamwamba paja mwala unali pakati pa mawu ake. "Ndinakwatiwa ndi munthu amene..." Unalekera pomwepo. Bondo linkafunsabe za mlatho, mimba inkalirabe chimanga, kumbuyo kunkadandaulabe za fodya, koma pakamwa pa mfumu ya miyala panati zii. Dandaulo lake linali litatha.

Mfumu inalamula kuti mwalawo ulankhulenso kuti mwini mawu adziwike. Msilikali anakwera n'kuugogoda, koma unali mwala wamba. Ndiye mfumu inatembenukira kukhamu n'kufunsa amene anazindikira mawu a mkazi uja.

"Mawu ati, Mwinidziko?" Binzi anafunsa atagwada. "A Kamlomo anatiuza kuti womva kanthu m'miyalamu apita ku Dambo la Udzudzu. Ife sitinamve chilichonse."

Khamu lonse linavomereza mwaulemu kuti silinamve chilichonse.

Mfumu inasowa mtengo wogwira, ndiye mkwiyo wonse unathera pa a Mkutumula. Sinawatumize ku Dambo. Inawapatsa chilango chimene inkadziwa kuti amachiopa koposa: anavulidwa mkanjo pamaso pa anthu, n'kuuzidwa kuti abwerere pamchere. Tsiku lomwelo Unduna wa Mthunzi unathetsedwa, ndipo a Kamlomo analengeza kuti popeza palibe woyeza, mwalamulo m'dziko la Vomerani mulibenso mthunzi. Panakhazikitsidwa Unduna wa Ng'oma, ntchito yake kuimba mosinthana pafupi ndi chiboliboli kuti alendo asamve zimene bondo likufunsa. Akuti oimbawo akapumira, bondo limakhala likufunsabe.

M'mawa mwake a Mkutumula anayenda wapansi kupita ku Pirirani atasenza mphasa. Mapazi anali ataiwala njira, ndipo ntchentche zinawalandira ngati mbale wawo amene anasochera. Anthu analozeranadi ndi milomo. Anakhala pansi, maso ali pamphasa, mtima ukuwawa.

"Mwadzuka bwanji, a Nduna ya Mchere?" Binzi anawalonjera.

Nankhoma anagwada n'kuyamba kuunjika timilu ta mchere, kamodzikamodzi. A Mkutumula anayang'ana kamulu koyamba, n'kuyang'ana kachiwiri, n'kumeza malovu. Pa kachitatu analephera kupirira.

"Timilu timeneti takula kwambiri. Mukugulitsa kapena mukugawa?"

Dzanja la Nankhoma linaima m'malere. "Takula pati? Inu zaka zonsezi mumayeza mithunzi, mchere muudziwira kuti?"

"Mchere ndinayamba kuudziwa inu musanadziwe kumanga mpango!"

"Ndani anakuphunzitsani kusefa? Si ine?"

"Ayi! Munandipeza ndikusefa kale, inu n'kumayenda uku ndi uku pamphasa yanga ngati mwataya singano!"

Anthu anayamba kuyandikira. Mayi wina amene anali ndi mchere wokwanira kunyumba anapempha timilu tiwiri, n'kukhala pansi. Nankhoma anatembenukira kumbali, n'kukweza nsonga ya chitenje kumaso.

"Mukulira, Mayi?" anafunsa a Mkutumula.

"Ndi mchere wandilowa m'maso."

"Bodza," anatero a Mkutumula.

Nankhoma anatsitsa chitenje, masaya ali onyowa.

"Nenaninso."